Filimu ya Dziko ya a Namakhwa

Lachiwiri lina m'mwezi wa Meyi 1996, atangotha mauthenga a chisoni, wailesi inawerenga chilengezo chofunika. Komiti Yotukula Kanema wa Mtundu Wathu, itakhala pansi ndi kulingalira mofatsa, inali itapeza kuti dziko lopanda filimu yakeyake silidzidziwa nkhope. Choncho inakhazikitsa Sabata ya Filimu ya Dziko. M'sabata imeneyo vidiyo sho iliyonse mumzinda wa Blantyre inayenera kuonetsa filimu ya Chimalawi, ndipo wopezeka akuonetsa karate yekhayekha adzamutsekera ndi kumulanda makina. Komitiyo inalonjezanso makamera, sukulu ya ojambula, ndi mafilimu khumi zaka ziwiri zisanathe. Pomaliza inathokoza a Tcheya ake chifukwa cha masomphenya awo.

Masiku amenewo makomiti ankamera ngati bonongwe pa dzala. Chibwerereni zipani zambiri, aliyense wokhala ndi jekete ndi chidindo anali tcheya wa china chake, ndipo munthu wamba sankadziwa kuti komiti yoluma ndi iti, yongouwa ndi iti. Ankangoopa onse. M'chilengezocho munaiwalika kanthu kamodzi kakang'ono: kunena kumene filimu ya Chimalawiyo ikapezeke.

A Laurenti Namakhwa anamva zimenezi ali m'shedi yawo kuseri kwa msika ku Bangwe, akupukuta m'kati mwa deki yawo yoonetsera matepi a vidiyo ndi kansalu konyowetsa sipiriti. Anasiya kupukutako, nayang'ana dekiyo nthawi yaitali.

A Namakhwa anabadwira ku Bangwe komweko, kwa makolo amene anawoloka kuchokera ku Milanje, ku Mozambique, atatopa ndi chibalo cha Apwitikizi. Chipwitikizi chimene anatengera kwa mayi awo chinali chongokwanira kutukwana mbuzi. Anakulunga sopo pa fakitale ina ku Makata kuyambira unyamata wawo mpaka imvi zoyamba, kenako mu 1993 fakitaleyo inawathokoza chifukwa cha kukhulupirika kwawo ndi kuwaonetsa geti. Ndalama zopumira anagulira deki ndi sikirini zogwirako kale ntchito. Anamanga shedi ya matabwa ndi ziguduli, anakhoma mabenchi, napachika sipika padenga kuti phokoso la zibakera lizikoka anthu pamsewu. Akazi awo, a Mervis, ogulitsa kaunjika ku Limbe, ananena kuti abambo agula bokosi la phokoso. Koma bokosilo ndi limene linkalipirira mwana wawo Salome ku sekondale, ndipo patapita chaka a Mervis anasokera dekiyo kansalu kophimbira fumbi, ka maluwa.

Filimu ya Chimalawi a Namakhwa anaionapo ali mwana. Kunkabwera galimoto yachikasu pabwalo la sukulu, nkupachika nsalu, nkuonetsa mlimi akupopera thonje uku akumwetulira, kenako amayi akuvina pabwalo la ndege. Mafilimu amenewo kumene anapita palibe ankadziwa, ndipo chaka cha 1996 sichinali chaka choti munthu aziwafunsafunsa.

Chimene chinkasiyanitsa sho ya a Namakhwa ndi zinzake chinali pakamwa pawo. Ankatsitsa mawu a filimu, nkutenga maikolofoni, nkumayankhulira anthu onse a m'sikirinimo m'Chichewa: ekita, mdani wake, mkazi wake, ngakhale galu. Zimene anthuwo ankanenadi, iwo sankazimva, ndipo sankaona vuto. Ankayang'ana nkhope, nkudziwa chimene munthu wa nkhope yotero anganene akanakhala wa ku Bangwe.

Pa matepi awo onse panali imodzi yachilendo. Anawapatsa ndi a Abdula, dalaivala wa thiraki wodutsa njira ya ku Tete, ana awo ataikana kuti ilibe mitundu ndiponso mulibe ndewu. Pachikuto panalembedwa ndi bolopeni liwu limodzi: Brazil. A Namakhwa anayesa mpira, ndipo koyambirira kunalidi mpira umene wina anajambula pamwamba, kufufuta dzina la filimu ndi maina onse. Mpirawo utaduka, panaoneka phiri lodzaza tinyumba ta malata, mzinda uli mmunsi. Galimoto ya apolisi inabwera nkugwetsa kanyumba ka munthu wina. Munthuyo anapulumutsa lata limodzi, ndipo filimu yonse ankangokwera nalo phiri pamutu, kufuna pomanganso, akukanidwa khomo ndi khomo. Atatsala pang'ono kufika pamwamba, galimoto ija ikumukwera kumbuyo, sikirini inkangoyera kuti mbee. Tepi inaduka, anatero a Namakhwa, ndipo mathero ankawapereka ndi pakamwa.

Munthu wa lata uja anamutcha Luckson. Phirilo analitcha Ndirande. Tepiyo inali itatha kwambiri moti nkhope zonse zinkaoneka zotuwa mofanana, ngati anthu a ku Bangwe m'mwezi wa Okutobala. Achinyamata ankaidandaula, koma amayi a pamsika ndi amuna ochotsedwa ntchito ku Makata ankaiitanitsa Lamlungu lililonse, ndipo ankatuluka ali chete. Mathero ankatengera amene ali m'shedi. Kukakhala amayi a mvano, mpingo unkamumangira nyumba Luckson. Kukakhala anyamata a ganyu, Luckson ankayatsa galimoto ya apolisi. Kukakhala wapolisi, Luckson ndi apolisi ankakhululukirana.

Chilengezo chija chitamveka, a Namakhwa anayenda. Anafunsa m'mashopu a matepi ku Limbe, anawaseka. Anapita ku Ndirande kwa anzawo a masho, anapeza akutulutsa kale madeki m'mashedi kukabisa kwa abale. Mnzawo wa ku Zingwangwa anali atapeza tepi ya ukwati, ya Chimalawi ndithu kuyambira ku tchalitchi mpaka perekaniperekani, koma banjalo linali litatha ndipo ankhoswe a kuchikazi anaopseza kuti akaionetsa akaonana kubwalo. A Namakhwa anayamba kudzidzimuka akamva galimoto ikuima. Munthu aliyense wa tayi wodutsa pamsika ankamutsata ndi maso mpaka akhote. Chakudya ankangochigwiragwira.

"Bambo a Salome, mukutha ngati sopo wanu uja," anatero a Mervis tsiku lina akumanga belo. "Nanga ya Luckson ija bwanji?"

"Ija ndi ya ku Brazil."

"Wakuuzani ndani?"

"Palembedwa."

"Ndiye chimene analemba munthu ndi bolopeni chingakulanditseni deki? Amayi a Hidaya a pamsika amalumbira kuti khomo lija Luckson anakanidwa madzi ndi la alamu awo, kuseri kwa msika wa Ndirande. Akuti mpaka lero ndi omana choncho. Tengani parafini mupukute."

"Akandigwira bodza ndiye kundende, mayi."

"Mukapanda kunama ndiye kulandidwa. Sankhani chimene mungathe kumuuza Salome."

Anapukuta ndi parafini.

Munthu wa tayi anafikadi Lachinayi masana, sho ili pafupi kuyamba. Anadzitchula kuti ndi a Hawkins Thombozi, mlembi wa Komiti, ndipo akuyendera masho kuona ngati akonzeka. Anayala mpango pabenchi yakutsogolo asanakhale. A Namakhwa anaika tepi, nayithamangitsa kudumpha mpira uja.

Poyamba zinayenda. Luckson anasenza lata lake, ndipo a Namakhwa anamuyankhulira mwaulemu kuposa masiku onse. Kenako panafika pamene ankapaopa. Luckson akuwoloka msewu waukulu, ndipo magalimoto onse akuyenda kumanja. A Thombozi anapendeketsa mutu.

"Awa ndi madalaivala a minibasi za ku Bangwe," anatero a Namakhwa pa maikolofoni, "aona pasenjala kutsidya."

Shedi yonse inaseka, ndi a Thombozi omwe. Patangopita kanthawi, kumbuyo kwa Luckson kunaoneka madzi osaoneka malire, mafunde akuswa.

"Damu la Mudi," anatero a Namakhwa, "chaka cha mvula yambiri."

Sikirini itayera, anayang'ana tayi ya mlendoyo, nalengeza kuti Luckson anapeza pamwamba pa phiri akuluakulu a boma akumudikira, ndipo anamupatsa puloti ndi malata ena owonjezera.

"Aaa, madala!" anakuwa munthu wina kumbuyo. "Dzana si anayatsa galimoto ameneyu?"

"Dzana linali gawo lina," anayankha a Namakhwa.

Anthu atatuluka, a Thombozi anawagwira chanza ndi manja awiri. Anati ayenda Machinjiri, Chilomoni, Ndirande, apeza mashedi okhomakhoma. Lero lokha ndi pamene aona mtundu wa Amalawi ukudziyang'ana pagalasi. Filimu imeneyi ndi imene idzatsegulire Sabata yonse Loweruka, m'holo ya m'tauni, pamaso pa a Tcheya ndi alendo.

"Mubwere ndi makina anu. Makina a Komiti ali m'njira, sanafike. Tidzakhalanso ndi mlendo wa kunja, kuti mwambo ulemere. Sisitere Teresa, a kuchipatala cha mishoni ku Chilomoni. Ndi okhawo a kunja amene tawapeza osafuna tikiti ya ndege."

"Ndi a dziko liti, bwana?"

"Brazil."

Pakati pa Lachinayi ndi Loweruka a Namakhwa anaganizira njira zonse. Anaganiza zodwala, koma Komiti ikanangotuma galimoto kudzatenga makina. Anaganiza zothawira ku Mulanje kwa achemwali awo, koma sikirini sinkakwana m'chikwama. Anaganiza zoti tepi itafunidwe ndi deki mwangozi, anaigwira m'manja, nakanika. Akaulula, alandidwa chifukwa alibe filimu ya Chimalawi. Akakhala chete ndipo Sisitere ayankhule, alandidwa chifukwa chonamiza Komiti, mwina ndi unyolo pamwamba. A Mervis anawasitira malaya oyera.

Loweruka anafika kuholo dzuwa lili pamutu, deki itakulungidwa m'bulangete, sikirini pa wilibala ya hayala. Anapeza a Thombozi akuyang'anira anthu ophimba mawindo ndi makatoni. Anawakokera pambali.

"Bwana, pali kanthu. Filimu ija sinajambulidwe kuno kwenikweni."

A Thombozi anawayang'ana ngati munthu amene wawauza kuti kunja kwacha.

"A Namakhwa, ine sukulu ndinapita. Mu Blantyre mulibe nyanja, ndipo Mudi alibe mafunde. Koma Fanta tagula kale, masikono abwera, a Tcheya asoketsa suti. Mukufuna ndikawaonetse chiyani, khoma? Inu kayankhuleni ngati tsiku lija."

"Nanga a Sisitere?"

"A Sisitere ndi munthu wa Mulungu. Adzapemphera, adzamwa Fanta, adzapita."

Mwambo unayamba mochedwa monga mwa mwambo. A Tcheya anayankhula za dziko lopanda galasi, za ana athu amene akudziwa misewu ya ku Hong Kong kuposa ya ku Nkolokosa, za makamera amene ali m'njira. Sikirini ya a Namakhwa, imene m'shedi inkaoneka yaikulu, pa siteji inali ngati bokosi la machesi, ndipo alendo anachita kukokera mipando kutsogolo. Pakati pa mzere woyamba panakhala mayi wamfupi wa imvi, wa magalasi ochindikala, sikirini ili pafupi ndi mphuno yake.

Phiri litangooneka, Sisitere Teresa anavula magalasi, anawapukuta, nawavalanso. A Namakhwa anaona. Anamuyendetsa Luckson khomo ndi khomo, diso limodzi pa sikirini, lina pa Sisitere. Pa za minibasi holo inaseka, Sisitere anaseka koposa onse, mpaka kugwira pamimba. Pa za Mudi anatseka pakamwa ndi dzanja. Pamene mayi wina m'filimumo anayamba kuimba akuchapa, Sisitere anakweza chala.

"Bambo, kwezani mawu pang'ono," anatero m'Chichewa cha kuchipatala, chomveka bwino.

A Namakhwa anayang'ana a Thombozi. A Thombozi anayang'ana kudenga. A Namakhwa anakweza pang'ono, ndipo Chipwitikizi chinalowa m'holo ya Sabata ya Filimu ya Dziko. Sisitere ankatsatira nyimboyo ndi milomo, misozi ikutsika. A Namakhwa anatsitsanso msanga. Sikirini itayera anapereka puloti ndi malata, ndipo anthu anaomba m'manja.

Kenako a Tcheya anapempha mlendo wa kunja kuti anenepo mawu awiri.

Sisitere anaimirira, ndipo sanazungulire. Anati filimuyi ndi ya kwawo, ku Brazil, ndipo anaiona ali mtsikana, asanalowe usisitere. Anati kwawoko kale mafilimu anali a nyimbo ndi nthabwala, ena otengera a ku Amereka, mpaka kunabwera achinyamata amene ananyamula kamera kukwera nayo kumapiri kumene kumakhala osauka ndi kumidzi ya chilala, nati nkhope ya dziko lathu ndi iyi, kaya mukuifuna kaya ayi. Akuluakulu sanaikonde nkhopeyo. Asilikali atalanda boma ankadula mafilimu ndi kuletsa ena, ndipo ojambula ena anathawa m'dziko. Pambuyo pake boma lomwelo linakhazikitsa kampani yothandiza mafilimu, boma lina linadzaitseka mu 1990, ndipo kwa zaka zingapo m'dziko lalikulu lija mafilimu ankatuluka owerengeka ndi zala. Tsopano, anatero, akumva kuti ayambiranso pang'onopang'ono. Sankayembekeza kuti phiri la kwawo akalipeza ku Blantyre likuyankhula Chichewa. Anathokoza, nakhala pansi.

A Namakhwa anaika dzanja pa deki, inali yofunda. Anayang'ana khomo, panali mlonda. Anaganiza za Salome ndi yunifolomu yake, anaganiza za kansalu ka maluwa kamene anakaiwala kunyumba.

A Tcheya anaimirira pang'onopang'ono, anakonza batani la suti, natsokomola. Anati zimene anena a Sisitere zatsimikiza zimene Komiti inkadziwa kale. Lero, anatero, taona filimu yoyamba m'mbiri yopangidwa mogwirizana ndi maiko awiri: zithunzi kuchokera ku Brazil, mawu kuchokera ku Malawi. Ndipo popeza aliyense akudziwa kuti chofunika m'nkhani ndi mawu, gawo lalikulu ndi lathu. Holo inaomba m'manja ndi mpumulo, a Thombozi akutsogolera. A Namakhwa anachotsa dzanja pa deki.

A Tcheya sanamalize. Anati chinthu cha mbiri chotere sichingabwerere m'shedi ya ziguduli kumene kuli fumbi ndi makoswe. Choncho Komiti yaganiza kuti tepiyo, pamodzi ndi makina amene aionetsa pa tsiku losaiwalikali, zisungidwe ku ofesi ya Komiti monga chuma cha dziko, kuti zidzakhale maziko a sukulu ya ojambula. A Namakhwa adzapatsidwa makina atsopano makamera akangofika, ndipo adzakhala mphunzitsi woyamba. Anawaitanira kutsogolo, nawagwira chanza nthawi yaitali kuti wojambula zithunzi apeze mpata. Anyamata awiri anazula mawaya.

"Bwana," ananong'ona a Namakhwa kwa a Thombozi, "mawa ndi Lamlungu, ndili ndi sho."

"Musadandaule, simunalandidwe. Olandidwa sawagwira chanza."

Panja, pafupi ndi wilibala yopanda katundu, Sisitere Teresa anawapeza a Namakhwa ali ndi sikono m'manja losaluma.

"Bambo Namakhwa, ndakulakwirani?"

"Iyayi, Sisitere. Mwanena zoona." Kenako anafunsa chimene chinali chitawasautsa zaka zitatu. "Poti munaiona yonse, ndiuzeniko. Imatha bwanji? Yangayi inaduka."

"Sinaduke."

"Imangoyera, Sisitere."

"Imathera pomwepo. Anaipanga choncho dala. Ankati anthu atuluke m'holo opanda yankho, akwiye, akafunse okha kuti munthu uja agona kuti."

A Namakhwa anaganizira zimenezi. Anaona amayi a pamsika atalipira pakhomo, atakhala pabenchi yolimba mpaka kumapeto, kenako nkuuzidwa kuti akafunse okha.

"Ku Bangwe akanakugendani," anatero.

"Kwathunso ambiri sankapita kukaziona," anatero Sisitere akuseka. "Ankakonda zoseketsa zija. Ndiye mwati dzina lake ndani? Luckson? Likumukhala."

A Namakhwa anakankha wilibala kubwerera nayo kwa mwini wake. A Mervis atamva nkhani yonse anafunsa funso limodzi, ngati bulangete lija nalonso lasanduka chuma cha dziko. Linali litasanduka.

Sabata ya Filimu ya Dziko inatha popanda sho ngakhale imodzi yotsekedwa. Anzawo a ku Ndirande anatulutsa madeki kwa abale Lolemba lotsatira, ndipo karate inayambiranso pamene inalekera. Wa ku Zingwangwa uja anagula sipika yachiwiri. A Namakhwa ankapita ku ofesi ya Komiti kumayambiriro a mwezi uliwonse, atavala malaya oyera aja. Ankalandiridwa bwino. A Thombozi ankawatchula kuti mpainiya, nkuwaonetsa deki ili pamwamba pa kabati kuti aone okha kuti ikusamalidwa, nkuwauza kuti makamera afika ku Beira. Ulendo wina makamerawo anali ku Durban. Salome anamaliza Fomu 4 ndi ndalama za kaunjika, ndipo shedi ija a Mervis anayamba kusungiramo mabelo.

Lamlungu masana amayi ena a pamsika ankabwerabe, nkukhala pa mabelowo, nkupempha a Namakhwa kuti angowafotokozera ya Luckson ndi pakamwa. Ankawafotokozera, atayang'ana pakhoma pamene pankakhala sikirini. Tsiku lina anayesa mathero enieni: anamufikitsa Luckson pafupi ndi pamwamba, galimoto ili kumbuyo, nangosiya pomwepo. Amayi a Hidaya anadikira, anadikira, kenako anafunsa ngati abambo akudwala.

Zaka ziwiri zija zinatha mu Meyi 1998. Pofika Disembala 1999, Komiti Yotukula Kanema wa Mtundu Wathu inali ndi filimu imodzi, ya ku Brazil, ndi deki imodzi, ya a Namakhwa.